Ndili ku Norway, ndikulondola mayi wina wa zisudzo dzina lake Aase Bye

Lolemba, Oslo

Abale anga ndafika, mtima m'malo. Achemwali anandichingamira pa bwalo la ndege la Gardermoen tinakwera sitima mpaka mtauni, ndipo chimene chandisokoneza mutu kuno si kuzizira munkandiopseza nako kuja ayi, ndi dzuwa. Ino ndi Julaye, 10 koloko ya usiku kunja kuli mbee, ana akupalasa njinga panja, thupi likuti kagone koma maso akukana.

Ndiye poti tulo panalibe, alamu anga, amuna awo a achemwali, mNorway weniweni wosachuluka zonena, atamva kuti ine zisudzo ndi matenda anga kuyambira ku sekondale anakatulutsa DVD mukabati nkuti alamu bwerani muone Norway wa agogo anga. Filimu yake ya 1926, yakuda ndi yoyera, yopanda mawu, anthu akungoyendetsa milomo kenako pamabwera zolemba zofotokoza zimene anena, alamu nkumatimasulira. Dzina lake Brudeferden i Hardanger, kutanthauza ulendo wa ukwati ku Hardanger, dera la kumadzulo kwa Norway, anaikonza ndi Rasmus Breistein. Ine ndimati ndionere pang'ono mwaulemu kenako ndizembe, koma ndinakhala mpaka kumapeto chifukwa cha mtsikana amene akusewera ngati Marit. Makolo ake akupita ku America, iye watsala chifukwa cha mnyamata wina Anders amene wamulonjeza kuti adzabwera kudzamukwatira, ndiye mnyamatayo nkukakwatira mwana wa anthu olemera. Mtsikanayu sakudzigwetsa pansi kapena kukupiza manja ngati mmene ena ankachitira m'mafilimu opanda mawu, nkhope yokha ikugwira ntchito, maso akuwuma pang'onopang'ono iwe ukuona. Ndinafunsa kuti ameneyu ndani. Aase Bye, anali ndi zaka 22. Alamu akuti ngati ndamukonda andiyendetsa mmene anayenda iyeyo, ali pa holide ndipo kwawo kwa mayi awo ndi komweko ku Hardanger.

Lachiwiri

Lero tinapita ku Nationaltheatret, nyumba ya zisudzo yaikulu ya dziko lino, ili pakati penipeni pa tauni pafupi ndi msewu wa Karl Johan, ukaima pamenepo nyumba ya mfumu ukuiona kumtunda uko. Inatsegulidwa mu 1899. Kutsogolo kwake kuli ziboliboli ziwiri za madoda a nkhope zolusa, Henrik Ibsen ndi Bjørnstjerne Bjørnson, alembi awo otchuka. Muwasunge awiriwa, abweranso munkhani ino.

Aase Bye anabadwa mu 1904 mutauni yomwe ino, nthawi imeneyo inkatchedwa Kristiania, dzina la Oslo linabwerera mu 1925, ndipo Norway anali asanapatukane ndi Sweden, anapatukana mu 1905. Anakwera siteji ya nyumba imeneyi mu 1923 ali ndi zaka 19, ndipo sanamuyambitse ndi kambali konyamula thireyi ayi, anamupatsa Solveig mu Peer Gynt ya Ibsen, mkazi uja amadikira mwamuna woyendayenda mpaka kukalamba. Chaka chotsatira pa Khirisimasi anasewera Sonja mu sewero la ana la Reisen til Julestjernen pamene linkaonetsedwa koyamba, sewero limene ana akuno amalidziwa mpaka pano. Anakhala pa nyumba yomweyi mpaka 1974. Werengani nokha, zaka 51 pa ntchito imodzi, khomo limodzi. Ankaimbanso, m'ma 1930 anthu ankadzaza holo kudzamuonera m'ma operetta, masewero oimba aja, kenako mu 1949 anasewera Blanche mu sewero la ku America la Tennessee Williams ndipo olemba za zisudzo m'manyuzipepala anamupatsa mphoto yawo.

Ine ndimafuna ndigule tikiti ndionereko chilichonse ngakhale chiNorway sindimva, koma Julaye kuno azisudzo amakhala pa holide. Ndinakhumudwa pang'ono, alamu akungoseka akuti alamu, holide imeneyi ndi imene inabereka mafilimu a Norway. Ndipo ndi zoona. Anthu ngati Breistein analibe nyumba zojambuliramo za magetsi amphamvu, analibe ndalama zolembera anthu ntchito ya filimu chaka chonse, ndiye ankadikira zisudzo zitseke, nkutenga azisudzowo kupita nawo kumapiri ndi kunyanja kumene dzuwa la ulere silikulowali, nkujambula msangamsanga nyengo isanathe. Kwa Aase Bye filimu inali ganyu ya pa holide, ntchito yeniyeni inali pa siteji. Koma lero munthu ukafuna kumuona akuyenda, akuseka, akukwiya, zaka 51 zija zatsala m'zithunzi ndi m'mapologalamu akale, chimene ungakhale pansi nkuonera ndi ganyuyo. Zandikhala pamtima tsiku lonse zimenezi.

Khofi tinamwa pafupi pomwepo, mtengo wake nditausintha m'makwacha ndinamwa mpaka dontho lomaliza kkkk.

Lachitatu

M'mawa tinalowa mu Nasjonalmuseet, myuziyamu yatsopano yaikulu imene anatsegula mu 2022 kufupi ndi doko. Anthu onse akuthamangira chipinda cha zithunzi za Edvard Munch, wopenta wawo wotchuka, ife tinapita kukafuna chithunzi chimene chinapatsa filimu ija dzina. Anachipenta mu 1848 anthu awiri, Hans Gude anapenta mapiri ndi madzi, Adolph Tidemand anapenta anthu. Boti ladzaza anthu ochokera ku ukwati, mkwatibwi wavala chisoti chonyezimira, wina akuliza vayolini, wina akuwombera mfuti m'mwamba, kumbuyo kukuoneka katchalitchi ndi maboti ena. Chodabwitsa nchakuti anachipentera ku Düsseldorf ku Germany, Hardanger yake ndi yolumikizalumikiza m'mutu. Ndi chaching'ono kusiyana ndi mmene ndimaganizira. Koma aliyense kuno amachidziwa, ndiye Breistein anachenjera, anatenga nkhani ya Marit m'buku la Kristofer Janson nkuiveka dzina la chithunzi chimene anthu anali nacho kale m'maso, ndipo pamene boti la ukwati likudutsa mufilimumo akuchita kutengera chithunzicho. Kusiyana kwake nkwakuti pachithunzi onse akusangalala, pomwe mufilimu pali munthu amene ukwati umenewo wamuphera moyo.

Masana tinadutsa ku Filmens Hus mu Dronningens gate kumene kuli Cinemateket, amaonetsako mafilimu akale. Apa ndi pamene alamu anamasuka pakamwa, kani munthuyu akayamba za mafilimu saima. Akuti mu 1913 kunabwera lamulo lopatsa makhonsolo mphamvu yopereka chilolezo cha nyumba za kanema, ndipo makhonsolo ambiri anangoti basi tiziyendetsa tokha, Oslo inatenga zake mu 1926. Phindu la matikiti linkapita ku khonsolo, ndipo ku Oslo ndalama za kanema zinathandiza pa paki ya ziboliboli ya Vigeland komanso kumanga myuziyamu yoyamba ya Munch. Zabwino ndithu, koma taonani, ndalama ya filimu ikumanga ziboliboli pomwe wokonza filimu akuyendayenda kufuna pogwira. Ku Sweden ndi ku Denmark makampani amene anali ndi nyumba za kanema ankabwezera phindu m'mafilimu atsopano, nchifukwa chake anali patsogolo kwambiri. Makhonsolo akuno anadzayambitsa Kommunenes Filmcentral mu 1919 imene inathandiza ena mwa mafilimu a Breistein, kenako kampani ya Norsk Film mu 1932, ndipo situdiyo yeniyeni ku Jar pafupi ndi Oslo inatsegulidwa mu 1935, Aase Bye atapanga kale mafilimu ake otchuka.

Mafilimu oyambirira penipeni, a cha m'ma 1911 uko, ambiri anatayika. Filimu ya nthawi imeneyo inali ya nitrate, imayaka moto mosavuta komanso imaola yokha m'chitini. Amene anapulumuka amasungidwa ndi laibulale ya dziko, m'mosungira mwawo mkati mwa phiri ku Mo i Rana kumpoto kwenikweni. Imene amati inatsegula njira ndi Fante-Anne ya 1920, ya Breistein yemweyo, anakajambulira ku Vågå, mtsikana wake anali Aasta Nielsen. Musamusokoneze ndi Asta Nielsen wa ku Denmark amene anatchuka ku Germany, ndi anthu awiri, ndipo Aase wathuyu ndi wachitatu.

Lachinayi

Tsiku limene ndalikonda kwambiri mu Oslo ndi lero. Dzulo usiku tinaonera Den store barnedåpen ya 1931, imene amaiwerenga kuti ndi filimu yoyamba ya mawu yokonzedwa ndi anthu akuno okhaokha, inayamba kuonetsedwa pa 26 Disembala chaka chimenecho. Anaikonza ndi Tancred Ibsen pamodzi ndi Einar Sissener. Mukukumbukira madoda awiri a ziboliboli aja? Tancred ndi mdzukulu wa onse awiri, bambo ake mwana wa Ibsen, mayi ake mwana wa Bjørnson, ndipo anakagwirako ntchito ku Hollywood m'ma 1920 asanabwerere kwawo. Munthu wa magazi oterowo ukanayembekeza kuti ayamba ndi nkhani ya mafumu, koma anatenga sewero la Oskar Braaten la anthu a m'mafakitale.

Muno mulibe zovala zachikhalidwe, mulibe mapiri. Aase Bye ndi Alvilde, mtsikana wa pa fakitale amene wabereka mwana wopanda ukwati, ndipo Harald, amene akuseweredwa ndi Sissener mwiniwake, ndi mnyamata wofatsa amene akutsala pakhomo kulera khandalo mayi ake ali kuntchito, mu 1931 abale, mwamuna akusintha matewera a mwana wosakhala wake. Kenako pali abusa ena amene akukana kubatiza ana a atsikana osakwatiwa, ndipo nkhani yonse ikuzungulira pamenepo mpaka ubatizo waukulu wa kumapeto. Ndi yoseketsa koma ikuluma. Ndipo apa ndinamva mawu ake koyamba. Ambiri a mafilimu opanda mawu m'maiko ena ntchito inawathera pamene maikolofoni inabwera, koma uyu anali atazolowera kale kufikitsa mawu mpaka mpando wakumbuyo kwa holo madzulo aliwonse, ndiye kwa iye sichinali chachilendo. Ngakhale sindikumva chilankhulo ndimadziwa pamene akunyoza, pamene akunyengerera, pamene watopa.

Ndiye lero tinayenda wapansi m'mbali mwa mtsinje wa Akerselva, umene umagawa Oslo pawiri, kumadzulo kwa olemera kummawa kwa antchito. Ku Sagene kuli mathithi pakati pa tauni, phokoso lake lokoma, ndipo m'mbali mwake mwaima nyumba za njerwa zofiira zimene zinali mafakitale a nsalu, ina yake Hjula. Madzi amenewa ndi amene ankayendetsa makina. Pa mlatho wa Beierbrua pali chiboliboli cha atsikana anayi a pa fakitale ataima mothithikana, anachipanga ndi Ellen Jacobsen, ndipo mlatho umenewu ndi umene atsikanawo ankawoloka m'mamawa kupita kuntchito. Pafupi pake pali kanyumba kofiira kotchedwa Hønse-Lovisas hus, dzinalo ndi la mayi wa m'sewero lina la Braaten amene ankasamala atsikana obereka opanda amuna. Tinadya ma waffle pamenepo, achemwali akuumirira kuti ndilawe ndi tchizi chawo chabulawuni chotsekemera chija, ine ayi sindinagwirizane nacho.

Achemwali, poti ndi a zachipatala ndipo malamulo a ana amawatsata, anawonjezera kuti dziko lino linakhazikitsa malamulo mu 1915, amawatchula ndi dzina la nduna Johan Castberg, opatsa mwana wobadwa kunja kwa ukwati ufulu wotenga dzina la bambo ake ndi kulandira nawo chuma chamasiye. Lamulo linalipo kale zaka 16 filimuyi isanatuluke, koma manyazi ndi miseche zinali zisanamve za lamulolo, nchifukwa chake anthu ankaseka mufilimumo akudziwa amene akusekedwa.

Lachisanu

Sitima ya ku Bergen, tinatsikira ku Voss. Njanji imeneyi inatha kumangidwa mu 1909 ndipo imakwera mpaka pa Finse, mamita 1,222 kuchokera pa nyanja, pamene palibe mtengo ngakhale umodzi, miyala ndi madzi ndi sinowo wotsalira m'mapiri pakati pa Julaye. Ndajambula mavidiyo ambiri onse akuoneka galasi la windo ndi nkhope yanga. Kuchoka ku Voss tinakwera basi, ndipo inalowa mumsewu woboola phiri mmene muli raundabauti mkati mwenimweni mwa phirimo, magetsi abuluu, potuluka tinangoona tili pa mlatho wa Hardanger, wa 2013, wotalika mamita 1,380, madzi ali pansiii. Achemwali anatseka maso. Tafika ku Lofthus madzulo, ndatopa, zambiri mawa.

Loweruka, Hardanger

Fjord ndi nyanja yamchere imene yalowa mkati mwa dziko pakati pa mapiri, yopapatiza, yakuya, ndipo pano pa Lofthus tili pa nthambi yake yotchedwa Sørfjorden. Tsidya linalo pamwamba pa mapiri pali Folgefonna, ayezi amene sasungunuka chaka chonse, koma kuno kumunsi m'mbali mwa madzi ndi minda ya zipatso yokhayokha, maapozi, ma plum, matcheri, mizere yokwera phiri. Matcheri apsa pano. Amawaika pa katebulo m'mbali mwa msewu popanda wogulitsa, umatenga nkulipira wekha pa foni kapena kuponya ndalama m'kabokosi, ine ndinayang'ana uku ndi uku kufuna kamera.

Ukafika kuno umamvetsa chifukwa chake ukwati unkayenda pa boti. Malo olima ndi kampata kakang'ono pakati pa thanthwe ndi madzi, misewu inabwera mochedwa, tchalitchi chili tsidya lina kapena kutali m'mbali mwa gombe, ndiye kubatiza, kukwatitsa, kuika maliro, zonse zinali zopalasa. Umamvetsanso chifukwa chake makolo a Marit akunyamuka. Munda unkapita kwa mwana wamkulu, enawo azionera okha, ndipo anthu pafupifupi 800,000 anachoka m'dziko lino kupita ku America kuyambira 1825 mpaka cha m'ma 1920, dziko limene mu 1900 linali ndi anthu ongopitirira 2 miliyoni pang'ono. Ndiye amene ankaonera filimuyi mu 1926 pafupifupi aliyense anali ndi m'bale wake kutsidya kwa nyanja. Ine zinandikumbutsa agogo aakazi a kumudzi kwathu amene amuna awo anapita ku Joni pa Wenela nkusanduka matchona, mkazi nkukalamba akuyang'ana kumsewu, ena nkuuma mtima mpaka ana awo kumavutika nawo. Marit ndi wotero, amadzakwatiwa ndi wina, nkulemera, koma chidani chake ndi Anders chikufika mpaka pa ana. Mbali ya Marit wokalamba anasewera ndi mayi wina, Gunhild Schytte-Jacobsen, koma kuuma mtima kumene mayiyo akuonetsa Aase Bye anali atakudzala kale mu theka loyamba, ndipo kwa ine luso lake lagona pamenepo, akukonzera njira mnzake amene adzamalize munthu yemweyo.

Tinakwera pantoni kuchokera ku Kinsarvik kupita ku Utne kukaona Hardanger Folkemuseum. Muli zovala za ukwati, zisoti za akwatibwi ngati chija cha pachithunzi, ndi tizokongoletsa tasiliva tobaya pachifuwa totchedwa sølje, kamene Anders anapatsa Marit ngati chikole ndi kotere. Mulinso ma hardingfele ambiri, vayolini ya kuno imene ili ndi nsambo zina pansi pa zimene amakhwekhwereza, zapansizo sazikhudza koma zimalira zokha motsatira zinzake, ndiye munthu mmodzi akamailiza zimamveka ngati alipo awiri. Breistein mwiniwake ankaliza vayolini, ndipo ankayenda ndi mafilimu ake m'madera akumidzi nkumaimbira yekha anthu akuonera. Alfred Maurstad amene akusewera mwana wamwamuna wa Marit nayenso anali katswiri wa hardingfele, ndipo anadzakhala mmodzi wa akuluakulu a filimu za kuno.

Pa pantoni pobwerera alamu anandiuza za Anders, kapena nditi munthu amene anasewera Anders, Henry Gleditsch. Ine ndinali nditamuda kale chifukwa chonamiza Marit. Kani munthuyu anadzakhala mkulu wa nyumba ya zisudzo ya ku Trondheim, ndipo Germany italanda dziko lino mu 1940 iye sanafune kugonjera a Nazi. Azisudzo akuno anachitapo sitalaka mu 1941 pokana kukakamizidwa kugwira ntchito pa wailesi imene a Nazi anailanda. Mu Okutobala 1942 Gleditsch anatengedwa pamodzi ndi anthu ena odziwika a m'derali nkuomberedwa. Ndiye mnyamata wa tsitsi losalala amene akupalasa boti mufilimu ija anali ndi zaka 16 zokha zotsala. Sindinayankhulenso mpaka titafika ku Kinsarvik.

Lamulungu

Tinapita kukapemphera pa tchalitchi chamiyala cha Ullensvang, cha m'zaka za m'ma 1200, chili m'mphepete mwenimweni mwa madzi, nyimbo zina ndinazizindikira mayimbidwe ake ndinangoyimba m'Chichewa chapansipansi. Kenako nkhomaliro kwa mayi awo a alamu, gogo wazaka zopitirira 80 koma akukwerabe makwerero kuthyola matcheri, achemwali amangowakalipira mwaulemu kuti amayi tsikani. Atamva kuti mlendo wa ku Malawi akulondola Aase Bye anaseka mpaka kukhosomola. Iwo ali mtsikana ankaphunzira ku Oslo m'ma 1960 ndipo anamuonapo pa siteji ya Nationaltheatret ndi maso awo, atakhala pa mipando yotchipa ya kumwamba. Ndinawafunsa kudzera mwa alamu kuti agogo, anali wotani? Anaganiza nthawi yaitali, nkuti dzina la sewerolo anaiwala, nkhani yakenso anaiwala, chimene akukumbuka ndi mmene analowera pa siteji, holo yonse inangokhala chete asanayankhule kanthu. Anayesa kutionetsa mayendedwe ake pakhitchini pomwepo atagwira supuni, tonse tinafa nako kuseka, iwonso. Mafilimu ake akuti sanawaonerepo ndi imodzi yomwe, kwa iwo Aase Bye anali wa zisudzo basi, ndipo anadabwa kumva kuti alipo pa DVD m'nyumba mwa mwana wawo.

Aase Bye anamwalira mu 1991 ali ndi zaka 87. Amuna ake omaliza anali Trygve Hoff, mkonzi wa magazini ya zachuma ya Farmand, ndipo pali mphoto ya azaluso imene imatchedwa ndi dzina la mayiyu.

Yatsala filimu imodzi imene sitinaonere, Kristine Valdresdatter ya 1930, ya Breistein yemwe uja, anthu sayankhula koma ili ndi nyimbo zojambuliratu, ili pakati penipeni pa ziwiri ndaonerazi. Alamu amafuna tidzere ku Valdres pobwerera kuti ndikaone kumene nkhani yake inachokera, koma achemwali akulowa ntchito Lachitatu ndipo thumba langa layamba kulira, ndiye tikaonera pa sofa ku Oslo. Agogo atipakira matcheri m'chidebe cha ayisikilimu ndipo alamula kuti DVD ija itumizidwe kuno ndi basi sabata yamawa. Mawa m'mamawa tikupita ku Bergen, amene munandituma majuzi a ubweya muyambe mwatumiza ndalama, ndaona mitengo yake.